Mwana wabwerako ku Lilongwe chimanjamanja: kodi wantchito wa m'nyumba ali ndi pothawira?

aNachisale, Bembeke:
Moni nonse makolo ndi abale a pagulu lino. Ndabwera ndi nkhani imene yandisowetsa tulo sabata yathunthu, ndipo ndikupempha amene mumadziwa malamulo kuti mundiunikire. Mwana wa mchemwali wanga, mtsikana wa zaka 19, anatengedwa chaka chatha ndi mayi wina amene amabwera kuno kudzapikula mbatata ya kachewere, ponena kuti wamupezera ntchito ya m'nyumba ku Lilongwe. Anagwirizana pakamwa kuti azilandira K40,000 pamwezi, koma palibe chimene chinalembedwa. Mwanayu wagwira ntchito miyezi 14, kudzuka kusanache, kukolopa, kuchapa, kuphika ndi kulera ana awiri mpaka usiku, popanda tsiku lopuma ngakhale Lamulungu. Ndalama anazigwira m'manja miyezi itatu yokha, ndipo miyezi ina yonseyo ankamuuza kuti akumusungira kuti asawononge. Sabata yathayi anamunena kuti waba foni, anamufufuza m'chikwama osaipeza, komabe m'mawa mwake anamukweza minibasi ndi ndalama yaulendo yokha. Wafika kuno ndi jumbo ya zovala basi. Kodi popeza palibe pepala lililonse, pali kumene tingakadandaule, kapena tingomusiyira Mulungu?

aMbewe, Ntcheu boma:
Pepani kwambiri mayi Nachisale, ndipo mumupepese mwanayo m'malo mwa tonsefe. Ine ndinagwirapo ntchito ya ukalaliki kwa zaka zambiri ndipo milandu yotereyi ndaiona yochuluka, choncho ndiyambe ndi kukulimbitsani mtima kuti kusowa kwa pepala sikuthetsa mlandu. Lamulo la Employment Act la chaka cha 2000 limati wantchito ndi munthu amene akugwira ntchito pa mgwirizano wolembedwa kapena wapakamwa, ndipo silinapatule wantchito wa m'nyumba ngati kuti iye si wantchito. Malamulo aakulu a dziko lino a 1994 nawonso, pa gawo 31, amapatsa munthu aliyense ufulu wogwiritsidwa ntchito mwachilungamo ndi kulipidwa moyenera, ndipo gawo 27 limaletsa ukapolo ndi ntchito yokakamiza.

Pa nkhani yanuyi ndikuonapo zolakwa zingapo zolumikizana. Wolipidwa pamwezi ayenera kulandira ndalama zake mwezi uliwonse, ndipo mawu akuti "ndikukusungira" lamulo siliwadziwa. Ntchito ikatha, zonse zimene wantchito anagwirira ziyenera kuperekedwa pasanathe masiku 7. Maola ogwira ntchito pa sabata ndi 48, ndipo munthu sayenera kugwira masiku opitirira 6 motsatizana popanda kupuma tsiku lathunthu. Kuposa apo, gawo 57 la Employment Act limati bwana sangachotse munthu pa chifukwa cha khalidwe lake asanamupatse mpata wodziteteza, ndipo pamlandu ndi bwanayo amene ayenera kuonetsa chifukwa chomveka chimene anamuchotsera. Ngakhale K40,000 imene anagwirizanayo inali yoperewera kale, chifukwa mu 2024 boma linaika malipiro otsikitsitsa a wantchito wa m'nyumba pa K52,000, ndipo mu 2025 linawakweza kufika pa K72,800. Chonde musachedwe, chifukwa dandaulo la kuchotsedwa ntchito mopanda chilungamo liyenera kufika ku ofesi ya leba pasanathe miyezi itatu. Akulebawo amaitanitsa mbali zonse ziwiri, ndipo zikakanika nkhani imapita ku khoti la milandu ya zantchito la Industrial Relations Court, limene lili ndi nthambi ku Lilongwe komweko.

aNachisale, Bembeke:
Zikomo bambo Mbewe, mtima wakhalako pansi. Koma abwanawo akakakana kuti sanamulembepo ntchito, n'kunena kuti anali m'bale amene ankangomusunga, ife tidzaonetsa chiyani?

aMbewe, Ntcheu boma:
Mayi, mwagunda penipeni, chifukwa ambiri amathawira pa mawu amenewo. Mukhale pansi ndi mwanayo lero lomwe zinthu zisanaiwalike, mulembe m'kope tsiku limene anapita, dzina la mayi amene anamutenga, miyezi imene analipidwa ndi anthu amene ankamuona akugwira ntchito, monga oyandikana nawo nyumba, mlonda wa pageti kapena wogulitsa pa okala imene ankatumidwako. Ngati ndalama za miyezi itatu zija zina zinatumizidwa kumudzi kudzera pa Mpamba kapena Airtel Money, mauthengawo musawafufute, pakuti ndi umboni wolimba. Mukasowa wokuyimirirani, bungwe la boma la Legal Aid Bureau linakhazikitsidwira anthu amene sangakwanitse kulipira loya.

aNangozo, Lizulu:
Ndawerenga zonsezi ndipo zimene zamuchitikira mwanayu ndi nkhanza zosafunika kuziikira kumbuyo. Komabe ndiloleni ndilankhulepo ngati mmodzi mwa olemba anzawo ntchito, chifukwa pagulu lino tilipo ambiri ngakhale takhala chete. Ine ndine mphunzitsi wa pulayimale, ndili ndi khanda, ndipo popanda mtsikana wondithandiza sindingaime kutsogolo kwa kalasi. Ndikachotsa lendi, thumba la chimanga, makala ndi fizi ya mwana wa ku sekondale, K72,800 imene mukunenayo sindingaikwanitse. Mtsikana wanga timadya mbale imodzi, amagona m'chipinda chimodzi ndi ana anga, ndipo akadwala ndimapita naye kuchipatala ndine. Kodi zonsezi lamulo siliziwerengera? Ndikuopa kuti tikaumirira kwambiri pa chiwerengero, mabanja ngati langa adzangosiya kulemba anthu ntchito, ndipo atsikanawo adzasowa ngakhale zochepa zimene amapezazo.

aMwale, Linthipe:
Mayi Nangozo, ndikulemekezani chifukwa mwalankhula poyera zimene ambirife timabisa. Koma taganizani kuti boma litakuuzani kuti mwezi uno silikulipirani mokwanira chifukwa mumagona m'nyumba ya pasukulu ndipo phala la ana mumalawako, kodi mungavomere? Nsima imene wantchito amadya pakhomo panu siingagule feteleza wa amayi ake kumudzi, siingamulipirire mng'ono wake sukulu, ndipo tsiku limene ntchito idzathe sadzanyamula nsimayo m'chikwama. Ngati ndalama za mwezi wathunthu sizikukwana, njira yachilungamo ndi kuchepetsa ntchito, osati kuchepetsa munthu. Mungathe kugwirizana ndi mayi wa pafupi kuti azibwera m'mawa nthawi ya sukulu yokha, masana n'kumapita kukachita zake, ndipo mumulipire molingana ndi maola amenewo. Chimene chimapweteka ndi kufuna munthu wa usana ndi usiku pa mtengo wa theka la tsiku.

aNangozo, Lizulu:
Bambo Mwale, mawu anuwo andilowa ngakhale akuwawa. Za kubwera m'mawa mokha sindinaziganizirepo, ndipo ndikambirana ndi bambo a kunyumba. Chokhacho ndisiyana nanu pang'ono: boma limene limaika chiwerengerocho ndi lomwenso limalipira aphunzitsi ndi anamwino ndalama zosakwanira, choncho vutoli silili m'mitima ya olemba ntchito mokha.

aNkhoma, ndili ku Johannesburg, kwathu ku Mayani:
Abale anga, ndakhala kuno zaka zisanu ndi zinayi, poyamba ndinkagwira ya m'munda wa maluwa ndipo mkazi wanga mpaka lero amagwira ya m'nyumba. Nkhani ya mwana wa aNachisale ndi yomweyo imene timakumana nayo kuno, kusiyana kwake n'kwakuti ife chimene amatiopseza nacho si foni yobedwa koma mapepala. Tonse tikudziwa njira yake: munthu amakwera basi kapena galimoto ya matransipota pa chipata cha Dedza, kudutsa Calomue, Tete, Nyamapanda mpaka Beitbridge, ndipo pa pasipoti amamudindira masiku 30 ochezera, osati ogwira ntchito. Masikuwo akatha munthu amasanduka wobisala, ndipo bwana wosaopa Mulungu amadziwa kuti akangotchula apolisi kapena Lindela, kumene amasunga anthu oyembekezera kubwezedwa kwawo, wantchitoyo adzachoka mwakachetechete osafunsa malipiro ake. Ineyo bwana wina anandidyera miyezi iwiri mwa njira imeneyi, ndipo ndinachoka ndikulira ngati mwana.

Chimene ndinadzadziwa mochedwa n'chakuti malamulo a zantchito a kuno amateteza ngakhale munthu amene chilolezo chake chinatha. Khoti la zantchito linagamula mu 2008 kuti mlendo wopanda chilolezo chogwirira ntchito amakhalabe wantchito pamaso pa lamulo, ndipo angathe kukadandaula ku CCMA, bungwe loyanjanitsa mabwana ndi antchito, pasanathe masiku 30 kuchokera pamene wachotsedwa. Izi sizikutanthauza kuti a zolowa ndi zotuluka sangakugwire, koma thukuta lako silifa chifukwa cha chidindo. Kuyambira mu Malichi 2022 malipiro otsikitsitsa a wantchito wa m'nyumba anafanana ndi a wantchito wina aliyense. Mu 2020 khoti lalikulu loona za malamulo oyendetsera dziko linagamulanso kuti antchito a m'nyumba azilandira chipukutamisozi akavulala kapena kumwalira pantchito. Mlanduwo unayamba chifukwa cha mayi Maria Mahlangu, amene anamira m'dziwe losambiramo la abwana ake mu 2012 atawagwirira ntchito zaka zoposa makumi awiri, ndipo mwana wawo wamkazi anakana kuti imfa ya amayi ake ingopita chabe. Ndimaikonda nkhaniyi chifukwa amene anasintha lamulo si nduna, koma mwana wa wantchito wa m'nyumba.

aMbewe, Ntcheu boma:
Achimwene a Nkhoma mwatithandiza. Ndionjezerepo kuti mu 2011 bungwe la zantchito la dziko lonse la ILO linakhazikitsa pangano nambala 189 lonena za antchito a m'nyumba, limene limati iwowa ayenera kupuma maola 24 otsatizana pa sabata, kudziwitsidwa momveka za mgwirizano wawo, ndi kusunga okha ziphaso zawo. South Africa inavomereza panganoli mu 2013, koma dziko lathu silinatero. Ichi ndi chinthu choyenera kuwafunsa aphungu athu akabwera kudzachititsa misonkhano, chifukwa boma limene silinadzimange pa nkhani ya antchito a m'nyumba kwawo limasowa mphamvu polankhulira ana ake amene akuzunzika kunja.

Agogo aMaseko, Tsangano:
Ana anga, mdzukulu wanga ndiye akundilembera, ine ndikungoyankhula. Ulendo wa ku Joni sunayambe ndi inu. Bambo anga anapita ndi Wenela, ine ndinapita ndi Theba, mabungwe amene ankalemba anthu ntchito ya kumigodi, ndipo m'mudzi mwathu muno munalibe khomo lopanda munthu wa kumigodi. Ndikukumbuka chaka cha 1974 pamene ndege inagwa ku Francistown m'dziko la Botswana n'kupha Amalawi 74 amene ankabwerera kwawo kuchokera kumigodi, ndipo Kamuzu analetsa kulemba anthu kwa kanthawi. Ntchito ija inali yowawa, tinkagona mothithikana m'makomponi ndipo ambiri anabwerako ndi chifuwa chimene chinawatengera kumanda. Koma chimodzi chinalipo: dzina lako linkalembedwa m'buku, boma linkadziwa mgodi umene uli, ndipo gawo lina la ndalama unkalilandirira kuno kumudzi. Ngakhale zinali choncho, amuna ambiri a msinkhu wanga akalamba akuyendera ndalama zawo za kumigodi, ena mpaka kumwalira osaziona. Tsono ngati ife olembedwa m'buku tinavutika chotere, nanga mwana amene wanyamuka usiku ndi munthu wosadziwika, mfumu osadziwa, boma osadziwa, adzamufunafuna ndani? Kale tinkati matchona ponena amuna amene anakanirira kunja, koma lero amene akusowa ndi ana aakazi.

aNambewe, Kampepuza:
Agogo mwanena zoona, ndipo mawu anu omalizawo andikumbutsa msuweni wanga. Iye anapeza uthenga pa Facebook wonena za ntchito ku Dubai, ndipo dobadoba wina anamukonzera pasipoti ndi tikiti mwachangu chodabwitsa, osamulipiritsa kanthu. Atatsika ndege anapeza kuti ali ku Oman, pasipoti anamulanda pabwalo la ndege pomwepo, ndipo anamupereka ku banja lina kumene ankagwira ntchito m'nyumba ziwiri. Kumeneko kuli dongosolo lotchedwa kafala, limene limamangirira chilolezo cha wantchito kwa bwana amene anamuitanitsa, kotero kuti ukachoka pakhomopo popanda chilolezo chake umasanduka wothawa wofunidwa ndi apolisi. Atapempha kubwerera anamuuza kuti abweze kaye ndalama zonse zimene bwanayo anawononga pomubweretsa. Mu 2024 wailesi ya BBC inaulutsa za amayi a ku Malawi oposa 50 amene anapulumutsidwa ku Oman atalumikizana kudzera pa gulu la WhatsApp, ndipo zimene ankafotokoza amayiwo n'zimene msuweni wanga amatiuza akayamba kulankhula, ngakhale masiku ambiri salankhula n'komwe.

Ndikufuna makolo amve bwino apa. Munthu amene wakunamiza za dziko limene ukupita, kapena za mtundu wa ntchito, ndi cholinga chokakudyera masuku pamutu, wapalamula mlandu wozembetsa anthu pansi pa lamulo la Trafficking in Persons Act la 2015. Chilango chake chimafika zaka 14 m'ndende, zaka 21 ngati wozembetsedwayo ndi mwana, ndipo pakakhala nkhanza zoopsa chimatha kukhala moyo wonse. Lamuloli silinena za kuwoloka malire kokha ayi. Kuchotsa mwana ku Kasinje kupita naye ku Blantyre mwachinyengo kuti akagwiritsidwe ntchito yaukapolo ndi mlandu womwewo.

aJere, Golomoti:
Achemwali a Nambewe, pepani ndi za msuweni wanu. Ine ndili ndi mng'ono wanga amene akufuna kupita kunja ndipo sindingamuletse, chifukwa kuno digiri ali nayo koma ntchito palibe. Tinaona achinyamata 221 akukwera ndege mu Novembala 2023 kupita kukagwira ntchito m'minda ya ku Israel nkhondo ili mkati, ndipo anthu ankawanena kuti sakonda moyo, koma amene sanagonepo ndi njala ndiye angalankhule choncho. Ndimaona kuti kuuza achinyamata kuti asapite n'kutaya nthawi. Chofunika n'kuwauza kuti apite maso ali otsegula: aone mgwirizano wolembedwa asanakwere ndege, apite nawo ku ofesi ya leba kukafunsa ngati kampani yowatumizayo ikudziwika ku unduna wa zantchito, asiye kunyumba fotokope ya pasipoti ndi ya mgwirizanowo, ndipo aloweze pamtima nambala ya foni ya m'bale mmodzi, popeza foni ndi imene imayamba kulandidwa.

aMwale, Linthipe:
Ndikugwirizana nanu a Jere, koma ndibwezeretse nkhaniyi pakhomo pathu, chifukwa n'kosavuta kukwiyira Mwarabu amene sitidzakumana naye kusiyana ndi kudziyang'ana tokha. Pa msika wa Lizulu ndi wa Tsangano, kumene msewu ndiwo malire, mbali iyi Malawi mbali iyo Mozambique, ndani sadziwa kuti ana amawoloka uku ndi uku kukaweta ng'ombe ndi kukalima mbatata? Anyamata athu amapita ku Angonia pa pangano lakuti adzalandira pakutha pa chaka, ndipo ena amathamangitsidwa zokolola zitangolowa m'nkhokwe. Ifenso timatenga ana a ku Mozambique n'kuwaika kubusa chaka chathunthu pa malipiro a mbuzi imodzi, podziwa kuti sangakadandaule kulikonse popeza si kwawo kuno. Makolo athu analandira anthu othawa nkhondo ya ku Mozambique m'zaka za m'ma 1980, anawapatsa malo ndipo anakwatirana nawo, moti ambirife magazi athu ndi a mbali zonse ziwiri. Timanena kuti mwana wa mnzako ngwako yemwe, koma mwambiwu timaugwiritsa ntchito potuma mwanayo, osati pomulipira kapena pomutumiza kusukulu.

aMbewe, Ntcheu boma:
Pa za ana pali mpata m'lamulo umene umandidetsa nkhawa. Employment Act imaletsa kulemba ntchito mwana wosakwana zaka 14, ndipo wa zaka 14 mpaka 18 sayenera kupatsidwa ntchito yoika moyo, thanzi kapena maphunziro ake pachiswe. Koma chiletso cha zaka 14 chija sichifika pa ntchito yogwiridwa m'nyumba za anthu, kumene kuli ana ambiri obisika kuseri kwa mipanda. Mwamwayi, kuyambira mu 2017 malamulo aakulu a dziko amati mwana ndi aliyense wosakwana zaka 18, ndipo amamuteteza ku ntchito yomudyera masuku pamutu kapena yosokoneza maphunziro ake. Mukaona mwana akuzunzika pakhomo la munthu mungathe kuimba nambala yaulere ya 116, kapena kupita ku nthambi ya polisi yothandiza ozunzidwa, kapenanso ku ofesi yoona za chisamaliro cha anthu ya pa boma.

aPhiri, nyakwawa, dera la Mtakataka:
Ndayamba ndamvetsera kaye monga mwa mwambo wathu. Ife mafumu nkhanizi zimatipeza zitaonongeka kale, mwana atabwera ndi mimba kapena uthenga wa maliro utafika. Pamene Mfumu yaikulu Theresa Kachindamoto inayamba kuthetsa maukwati a ana kuno, anthu ankati sizingatheke chifukwa ndi nkhani za m'banja, koma zinatheka popeza mafumu ang'onoang'ono anauzidwa kuti adzayankha okha. Ndikuona kuti ntchito za anawa zikufunika mtima womwewo. M'mudzi mwanga ndayamba kupempha kuti aliyense wodzatenga munthu kukagwira ntchito ayambe wafika pabwalo, aonetse chitupa chake cha unzika, tilembe kumene akupita naye ndi malipiro amene agwirizana, mwinimbumba asayine ngati mboni. Ena amakwiya n'kubwerera osatenga munthu, ndipo amenewo ndimadziwa kuti anali ndi zolinga zina. Mayi Nachisale, ndinganene kuti muyambe mwaitanitsa mayi wopikula mbatatayo kwa mfumu yanu, chifukwa iye ndiye anatenga mwana m'manja mwanu.

aNambewe, Kampepuza:
Zikomo mfumu, kaundula wanuyo ndi wabwino ndipo midzi ina itengerepo phunziro. Nkhawa yanga ndi yakuti pabwalo nkhani zotere zimakonda kuthera pa kupepesana ndi nkhuku, mwana n'kuuzidwa kuti akhululuke chifukwa wolakwayo ndi wodziwika. Miyezi 11 ya thukuta la munthu si nkhani ya nkhuku. Ndiponso bwalo la ku Bembeke silingaitanitse bwana wa ku Lilongwe, pamene a leba angathe. Apite kwa mfumu, inde, kuti mayi uja akavomere pamaso pa anthu kuti ndiye anamutenga ndiponso kuti anagwirizana ndalama zingati, koma masiku a ku leba asathere pabwalo.

aPhiri, nyakwawa, dera la Mtakataka:
Mwalankhula mwaulemu mayi, ndipo sindikutsutsani. Mfumu ilembe kalata yofotokoza zimene mayiyo wavomera, ndipo kalatayo ipite nawo ku boma.

aNachisale, Bembeke:
Makolo ndi abale, ndathokoza kuchokera pansi pa mtima. Madzulo ano ndinakhala pansi ndi mwanayu monga munanenera bambo Mbewe, ndipo tadzaza masamba atatu. Tapeza mauthenga awiri a ndalama pa foni ya amayi ake, ndipo akukumbuka mayi wina woyandikana nawo amene ankamupatsa chakudya masiku amene ankamutsekera kunja. Polemba zimenezi wandiuzanso chinthu chimene anali asananene, chakuti pakhomo lomwelo anasiyako kamtsikana kena ka zaka 12 kochokera ku Kasumbu, kamene sikapita kusukulu ndipo kamagona m'khitchini. Mawa Loweruka tikaonana ndi amfumu za mayi wa mbatata uja, Lolemba tilawirira ku ofesi ya leba pa Dedza boma kuti akatilozere koyenera ku Lilongwe. Za kamtsikanako ndaimba kale pa 116 ndipo andifunsa dera ndi chizindikiro cha nyumbayo. Ngati pagulu lino pali wa ku Kasumbu amene angatithandize kupeza makolo ake, chonde andilembere kumbali usiku uno.